Tsiku Limene Dorica Anamera Mchira

Asanabwere ku Glasgow kudzasambitsa nkhalamba za azungu, Zangaphee anali munthu. Ku Ndirande, kuseri kwa msika, kunali kanyumba ka malata koonetseramo mafilimu. Mwini wake ankangoima pakhomo, koma mfumu ya m'katimo inali Zangaphee ndi maikolofoni yake. Filimu ikhale ya Chitchaina, ya Chimwenye, kaya ya Chingelezi cholankhulira m'mphuno, iye ankaimasulira yonse m'Chichewa, chonsecho zilankhulozo sankamvapo n'chimodzi chomwe. Sukulu analekezera Fomu 2, koma pakamwa pokha panali digiri.

Anali ndi malamulo ake. Filimu sankaionera pasadakhale, ankati ndiwo zotenthetsa sizikoma. Komanso anthu a m'filimumo ankawapatsa maina a anthu amene akhala m'mabenchi. Wakuba akatulukira pa sikirini, basi dzina lake ndi la mnyamata wa chiwaya amene wakhala kumbuyo. Anthu ankachita kugwa nacho chiseko. Nkhonya ikakoma, nyumba yonse inkakuwa kuti, “Bwezani! Bwezani!” Tepi inkabwezedwa, womenyedwayo n'kudzuka chambuyo kuti alandirenso ina.

Dorica anamupezera komweko. Panthawiyo anali pa sukulu ya unamwino, ndipo Loweruka lililonse ankakhala benchi yakutsogolo, kuseka mpaka kugwira pamimba. Zangaphee ankanyadira kuti iye sanafunsirepo mkazi, anamufunsirira ndi Mtchaina wina wa m'filimu, wa tsitsi lomanga kumbuyo.

Koma ku Glasgow zinthu zinatembenuka. Woitanidwa ndi chipatala anali Dorica. Zangaphee anangobwera atakolekedwa pa mapepala a mkazi ngati kachikwama ka m'manja. Anapeza nyumba ku Govanhill, pamwamba pa shopu ya zonunkhiritsa ndiwo, iwo ndi mwana wawo Joanna, amene ukamufunsa m'Chichewa amakuyankha Chingelezi choti ngakhale Angelezi eniake amapempha womasulira. Kunyumba yosamalira okalamba kumene Zangaphee ankagwira ntchito, nthabwala zake zinkagwera m'makutu ogontha, ogontha enieni, a timakina tomvera ta batire lakutha. Akabwera nazo kunyumba, Dorica ankavula nsapato n'kunena ali chitsinzire kuti, “Imeneyo munainena kale, bambo a Joanna.”

Kenaka kunabwera Mapopa.

Mapopa anali mnyamata wa ku Rumphi, wosakwatira, woimba besi m'kwaya ya kutchalitchi kwawo, wosachotsa sikafu m'khosi ngakhale dzuwa liwale. Ankaphunzira ku yunivesite ya ku Hillhead, ndipo maphunziro ake anali kuonera mafilimu. Zimene ku Ndirande anthu ankachita mimba ili pululu, iye ankayembekezera kuvalira nazo gauni. Loweruka masana ankaonetsa mafilimu akalekale a ku Japan m'kachipinda kena kumeneko, opanda mitundu, akuda ndi oyera basi. Dorica anapitako kamodzi moperekeza mnzake wa kuntchito. Mnzakeyo sanabwererekonso, koma Dorica Loweruka lililonse lopanda shifiti ankavala jasi n'kukakwera basi.

Kupitako sinali nkhani. Nkhani inali pobwerako.

“A Mapopa akuti mafilimu ambiri aja anachokera m'nthano za kumidzi ndi m'mabuku akale,” anatero tsiku lina akudula anyezi. “Akuti mzukwa wa ku Japan suopseza chabe, umakhala uli ndi mlandu umene sunaweruzidwe.”

“Oho. Nkhonya zinalimo?”

“Munalibe. Munthu anangokhala pakhonde kuyang'ana mvula.”

“Mwakwera basi mpaka ku Hillhead kukaonera mvula? Ku Glasgow kuno? Bwanji osangotsegula katani?”

Dorica sanaseke. Anangoti, “A Mapopa akuti kukhala chete nakonso ndi mawu.”

A Mapopa akuti. A Mapopa akuti. Zangaphee mawu amenewa ankawamva ndi m'tulo momwe. Ankati akupukuta msana wa nkhalamba, n'kupezeka akukhula ngati mphika wopserera mpaka mwini msana kudandaula. Chinkamuwawa si kuganiza kuti Mapopa wagwira mkazi wake dzanja ayi, umboni wa zimenezo analibe, ngakhale anaufunafuna m'matumba a jasi. Chinkamuwawa n'chakuti khutu la Dorica, khutu limene iye analipeza ndi thukuta ku Ndirande, tsopano linali kumwera madzi pachitsime china. Ndipo munthu wanzeru amadziwa kuti kumene kwalowera khutu, thupi silichedwa kutsatira.

Lamulungu lina atatuluka m'tchalitchi, anthu akumwa tiyi m'holo, Mapopa anamupeza.

“Achimwene, mwaswera bwanji? Alamu andiuza mbiri yanu ya ku Ndirande.”

“Akuuzani? Mumakambirana zambiri, eti, a Pulofesa?”

Mapopa mbola ija sanaimve. Maso ake anali kuwala. Anafotokoza kuti ku Japan, kale mafilimu asanayambe kutulutsa mawu, pambali pa sikirini pankaima munthu wofotokoza nkhani, wotchedwa benshi. Iyeyo ndiye ankalankhulira mwamuna, mkazi, mwana ndi galu yemwe. Luso limeneli linachokera kwa akatswiri a nthano ndi oimbira masewero a zidole, ndipo anthu ankapita ku kanema kukamvera iyeyo kuposa kukaona osewerawo.

“Ndiye inuyo, achimwene, ndinu benshi wa ku Ndirande! Akuluampingo avomera kuti tionetse filimu imodzi yopanda mawu muholo muno Loweruka likubwerali. Ndichotsa mawu a Chingelezi a m'munsi aja, mufotokoze ndinu. Yachokera m'nthano ya kumapiri. Ndikutumizirani pa foni kuti muionere kaye.”

Anamuonetsa chithunzi chake. Panali anthu atatu: mwamuna wakuda ndi makala atanyamula nkhwangwa, mkazi wokongola ataweramitsa mutu, ndi munthu wometa mpala atagwira buku.

Zangaphee anachiyang'ana chithunzicho, n'kuyang'ana Mapopa, n'kuyang'ana Dorica amene anali uko akugawa masikono. Mulungu sapatsa pamanja, koma apa anali atamupatsa.

“Musavutike n'kutumiza,” anatero. “Filimu ya anthu atatu ndimaidziwa kale.”

“Komabe mukanaionera, chifukwa kumapeto kwake...”

“A Pulofesa, inu munaphunzira kuonera. Ine ndinabadwa nazo.”

Loweruka holo inadzaza. Kunabwera manesi ongoweruka kumene, anyamata a kudera la Sighthill, ndi amayi a Mvano motsogozedwa ndi Mayi Esther, mayi wa mawu aakulu amene sanalolepo chinthu kuchitika mumpingo iwo osaikapo ndemanga. Mawindo anawatchinga ndi nsalu. Mapopa anakhala pa laputopu pafupi ndi sikirini. Dorica anakhala mzere wakutsogolo, ndipo Zangaphee atagwira maikolofoni anamuona akumwetulira ngati kale. Kumwetulira kumeneko kukanatha kumubweza. Koma Mapopa anawerama n'kunong'oneza kanthu kwa Dorica, Dorica n'kugwedeza mutu, basi nkhani inathera pomwepo.

Filimu inayamba. Phiri, sinowo, chipale choyera chija, waliwali, kanyumba kaudzu, mwamuna akufukula makala.

“Amayi ndi abambo, uyu ndi Zangaphee,” anayamba motero. “Mwamuna wolimbika, wosamwa, wosasuta, wongosauka basi. Taonani nkhope. Akanasamba akanakhala nduna.”

Holo inaphulika. Mawu ake akale anabwerera okha, ngati njinga imene sunaiwale kupalasa. Mphepo ankailiza ndi pakamwa, khwangwala ankamulankhulitsa Chisena. Mayi wina wokalamba atadutsa ndi mtolo wa nkhuni akukalipa, Zangaphee anati, “Awo ndi Mayi Esther, akuchokera kokaona ngati angelo asesa bwino kumwamba.” Mayi Esther anaseka mpaka kupukuta misozi ndi mpango.

Kenaka panatulukira mkazi uja, akuyenda timasitepe ting'onoting'ono, mwana kumsana.

“Uyu ndi Dorica.”

Anthu anaseka, koma amayi ena anayang'anana. Pagulu, mkazi wa mwini, mayi wa mwana, satchulidwa dzina lake lenileni ngati mtsikana wa pasukulu. Dorica anangomwetulira pang'ono.

Mkazi wa m'filimu anagoneka mwana, n'kusuzumira mwamuna wake, n'kutuluka mwakachetechete kulowera kuphiri.

“Akupita kuti Dorica? ‘Ndikupita kokaonera mvula, bambo a mwana.’” Apa anaonda mawu ngati a mkazi. “Phiri limeneli, abale, dzina lake ndi Hillhead.”

Pamwamba pa phiri panali kachisi, ndipo m'katimo munali wometa mpala uja, atakhala pamphasa ndi buku lake.

“Eee! Tawapeza a Pulofesa Mapopa. Sikafu aichapa lero. Mwamuna wosadziwa kugwira nkhwangwa, wosadziwa mtengo wa thewera, koma pakamwa ngati uchi. ‘Bwera, Dorica, ndikuphunzitse kukhala chete.’”

Anyamata a ku Sighthill anaimba mluzu. Dorica kumwetulira kunali kutachoka.

Wometa mpala anatenga kachingwe kofiirira kapena koyera, filimu yopanda mitundu sungadziwe, n'kumumanga mkaziyo pamkono uku akunena mawu.

“Mwaona? Mwaonatu nokha? Mankhwala a ku Rumphi amenewo! Akamanga apo, mkazi akafika kunyumba chilichonse n'chakuti ‘a Mapopa akuti, a Mapopa akuti.’ Mchere ukachepa, a Mapopa akuti. Koma dikirani. Zangaphee si mwana.”

Zoonadi, wootcha makala anali atatsatira mapazi a mkazi wake m'sinowo. Anaima kuseri kwa chitseko chapepala, maso ali tong'o, nkhwangwa m'manja. Tsopano m'holo ankaseka ndi ochepa. Ena onse anali atazindikira kuti aitanidwa ku mlandu, osati ku filimu. Koma Zangaphee anali ngati basi yopanda mabuleki pa Chingeni.

“Lowa, mwana wa amuna! Dula zimenezo!”

Mwamunayo anang'amba chitseko, anagwira mkono wa mkazi wake, nkhwangwa n'kutsika. Kachingwe kanagwa pansi.

“Watha mankhwala! Tsopano Dorica abwerere ku...”

Sanamalize. Mkazi wa m'filimu anadzigwira kumaso. Pakhoma lapepala kumbuyo kwake, chithunzithunzi chake chinayamba kusintha. Makutu anasongoka. Kumbuyo kunatuluka chinthu chachitali, chaubweya, chikugwedezeka.

“Yesu wanga!” anakuwa Mayi Esther. “Mwati ndani ameneyo wamera mchira?”

Maso onse anatembenukira kwa Dorica. Aliyense ankadziwa dzina limene mkaziyo anapatsidwa. Ndipo kwathu, kunena kuti mkazi amapita kwa mwamuna wina ndi mlandu wa ankhoswe, koma kunena pamaso pa mpingo kuti amasanduka chilombo ndi nkhani ina, yotsatira munthu mpaka kumanda.

Mapopa anasendera pafupi n'kunong'ona, osadziwa kuti maikolofoni ikutola zonse.

“Achimwene, n'chifukwa chake ndimati muionere. Mkaziyo ndi nkhandwe imene inakonda munthu. M'nthano zawo nkhandwe yotere si mfiti, imakhala mkazi wabwino. Amapita kwa wansembeyo kuti azimumanga chingwe chomusunga kukhala munthu, kuti akhalebe ndi mwamuna wake ndi mwana. Chikaduka, basi, sangakhalenso.”

Holo yonse inamva. Pa sikirini mkaziyo anali atatsika kuphiri, anagwada pambali pa mwana wogona, n'kumufunditsa bwino. Mwamuna anali kumbuyo, nkhwangwa itagwa, akupempha ndi manja. Mkaziyo sanacheuke. Anatuluka, ndipo mapazi ake m'sinowo anayamba ngati a munthu, kutsogolo n'kukhala tizikhadabo.

Dorica anaimirira. Anavala jasi yake modekha, batani lililonse pamalo pake, anatenga chikwama, n'kuyamba kuyenda pakati pa mipando kulowera kukhomo. Akazi awiri ankachoka nthawi imodzi, wina pa sikirini, wina pansi, ndipo munthu amene sanasowepo mawu chibadwire anangoti kakasi, maikolofoni ili pakamwa. Anadziwa kuti Dorica akatuluka chitseko chimenecho, Hillhead ikhala pafupi. Mkazi wokhala ndi mapepala akeake ndi ntchito yakeyake sasowa kolowera.

Mawu amene anamutulukira anali amodzi okha, a ku Ndirande.

“Bwezani!”

Mapopa anadabwa. “Achimwene, filimu ngati iyi sabweza...”

“A Pulofesa, ndagwira mwendo wanu. Bwezani!”

Kumbuyo kunali bambo wina wokulira ku Ndirande amene analandira mawuwo, “Bwezani!” Anyamata a ku Sighthill anawonjezera, mpaka Mayi Esther nawo, “Tabwezani, inu, tione!” Mapopa anayamba kukokera filimu m'mbuyo pang'onopang'ono. Mkazi uja anayenda chambuyo m'sinowo, akutola mapazi ake limodzilimodzi. Anakwera phiri chambuyo. Mchira unafota, makutu anabwerera, kachingwe kanadumpha pansi n'kudzilumikiza pamkono.

“Taonani, abale,” Zangaphee anatero. “Wabwerera. Mayi a Joanna abwerera. Palibe chaduka.”

Dorica anali ataima pakhomo, dzanja pa chitseko.

“Ine si tepi, bambo a Joanna,” anatero. “Sindiyenda chambuyo.”

Anatembenuka n'kuyenda chakutsogolo, molunjika, mpaka pamene panaima mwamuna wake. Anatambasula dzanja. Zangaphee anaganiza kuti likubwera ndi khofi ndipo anatsinzina, koma Dorica ankafuna maikolofoni.

“Khalani pansi apo. A Mapopa, bwezani mpaka pamene mayiyu akutuluka m'nyumba. Chiyambire filimu akumulankhulira ndi mwamuna. Pakamwa ali napo.”

Zangaphee anakhala pampando wa Dorica, mzere wakutsogolo. Unali wofunda.

Mkazi wa m'filimu anagonekanso mwana n'kusuzumira mwamuna wake.

“Uyo wagona apoyo ndi Zangaphee,” anayamba Dorica, osasintha mawu, ngati akupereka lipoti kwa dokotala. “Ndimamukonda, koma ali ndi nthabwala zisanu ndi imodzi, ndipo zonse ndinazimva tisanakwatirane.”

Holo inagwa. Chiseko chake chinali chija chotuluka anthu atapuma mpweya umene anaugwira nthawi yaitali.

“Sabata yonse anthu amandikoka. Kuchipatala, nesi, nesi, bwerani. Kunyumba, mami, mami, sokosi zanga. Bambo nawo, tamverani iyi, mayi a Joanna, tamverani iyi. Pofika Lachisanu ndimamva ubweya ukumera kumsana. Mano amayamba kuyabwa. Amayi muli muno, ndikunama?”

“Simukunama!” anayankha manesi.

“Ena mchira tinaupinda m'chitenje!” anakuwa Mayi Esther, amene mphindi zochepa zapitazo ankaitana Yesu.

Mkazi uja anali kukwera phiri.

“Ndiye Loweruka ndimakwera kuphiri. Ndimakakhala mumdima, palibe wondiitana, palibe wofuna kuti ndimuseke. Ndimaonera munthu akuyang'ana mvula, ine n'kumapuma. Wampala uyo,” analoza wansembe, “ntchito yake n'kudina batani. Amalankhula zambiri, zina ndimamva, zina ndimagona. Ndikabwera nazo kunyumba n'kumati a Mapopa akuti, ndimayesa mwina katswiri wa mafilimu amene ndinakwatiwa naye anganditsutse, tikambirane ngati kale. Koma iye amangofunsa ngati munali nkhonya.”

Mapopa anakonza sikafu yake, nkhope itagwa pang'ono. Kumva kuti munthu amagona iwe ukufotokoza si nkhani yokoma, ndipo Zangaphee, ngakhale anali pamoto, kameneko kanamukomera.

Wootcha makala anafika kuseri kwa chitseko. Anang'amba pepala, anagwira mkono, nkhwangwa inakwera m'mwamba.

“Imitsani pomwepo.”

Mapopa anadina. Chithunzi chinauma: nkhwangwa m'mwamba, kachingwe pamkono, mwamuna atayasama.

Dorica anatsika n'kuima pamaso pa mwamuna wake.

“Bambo a Joanna, filimu ndi yanu, munaiyamba ndinu. Nkhwangwa iyo ili m'mwamba. Itsike?”

Zangaphee anayankha chapansipansi.

“Sanamve a kumbuyo.” Dorica anamuika maikolofoni pakamwa.

“Isatsike.”

“Loweruka likubwerali ndikupita kuti?”

“Ku Hillhead.”

“Kukatani?”

“Kukaonera mvula.”

“Nanga a Mapopa muwauza chiyani?”

Apa panavuta. Zangaphee anayang'ana denga, anayang'ana nsapato. “Pepani, a Pulofesa. Ku Rumphi kulibe mankhwala.”

“Aliko,” anatero Mayi Esther, “koma si amenewo.”

Filimu sanaimalize. Ena anadandaula, koma Dorica anati mathero awaona kale ndipo sanawakonde. Anayatsa magetsi nkhwangwa ikadali m'mwamba, anthu n'kupita ku tiyi. Pamzere wa masikono amayi anamuzungulira Dorica, akumugwira mapewa, akubwereza mawu ake. Zangaphee anaima payekha ndi kapu, akumva Mapopa akunena kuti, “Alamu, mwezi wamawa tili ndi ina yopanda mawu ku Hillhead. Simungadzatifotokozere inuyo? Achimwene akhoza kubwera kudzaonera.”

Pobwerera ku Govanhill anayenda wapansi, kamvula kakuwaza. Chikwama cha Dorica ananyamula ndi Zangaphee. Anadutsa mashopu a zipatso, anadutsa malo ometera tsitsi, osalankhulana. Dorica sanali atamukhululukira, zimenezo zinkaoneka ndi mmene ankapondera. Koma ankalowera kunyumba.

Pafupi ndi khomo lawo Zangaphee sanathenso kupirira.

“Komatu musadzimve, mayi a Joanna. Anthu aja anakusekani kwambiri chifukwa ndinali nditawatenthetsa kale ine. Komanso maikolofoni simuigwira bwino. Ku Hillheadko ndikakhala kutsogolo, ndizikakuuzani pokweza mawu.”

Dorica anaima. Anamuyang'ana mwamuna wake, wonyowa, chikwama cha chizimayi pakhwapa, nkhope ili yoopsa ndi nsanje yatsopano. Kenaka chinamutulukira chiseko chija cha pa benchi yakutsogolo, mpaka anatsamira khoma atagwira pamimba.

Zangaphee anadikira kuti amalize. Chinamuwawa n'chakuti imeneyi sinali nthabwala.